Theka la Pointi la Alamu Anu

Lolemba, 14 Okutobala

Okondedwa achimwene,

Ndikhulupirira kuti muli bwino pamodzi ndi alamu anga ndi ana onse kumeneko. Ife tili bwino, kupatula msana wanga umene watopa ndi mipando ya m'holo ya mpikisano. Musadabwe kuona kalata m'malo mwa foni. Ndimakudziwani inu, pafoni simulola munthu kumaliza mawu. Ndikangoti "achimwene", inu mwayamba kale kuyankha funso limene sindinafunse. Ndiye lero khalani pansi, muvale magalasi anu, mundimvere mpaka ndimalize.

Mukudziwa kuti amene ndinakuvutitsani ndine. Chaka chonsechi ndakhala ndikukudandaulirani kuti alamu anu, bambo a kunyumba kwanga, muwapatse ntchito, asiye kuyendayenda ndi tidole tawo ta tchesi. Inu munandimvera chisoni, munati shopu yatsopano ya zipangizo zomangira imene mukutsegula kufupi ndi kwathu aziyang'anira iwowo, kuyambira mwezi wamawa. Iwonso anavomera osalimbalimba. Tinagwirizana kuti mpikisano uno ndi wotsiriza: zikatheka zatheka, zikakanika basi, azikagulitsa misomali ndi penti monga amuna anzawo.

Ndikufotokozereni pang'ono, chifukwa inu tchesi mumangoti ndi dirafuti ya anthu ovala mataye. Pamasewera amenewa udindo waukulu kwambiri ndi wa girandimasitala. Akakupatsa ndi wako mpaka kumanda, palibe wokulanda. Koma kuti uupeze uyenera kuchita bwino kwambiri pamipikisano itatu ikuluikulu, yokhala ndi akatswiri ochokera m'mayiko osiyanasiyana, ndipo paliponse pamene wakwanitsa amakupatsa chikalata. Alamu anu ali nazo ziwiri. Choyamba anachipeza ine ndili woyembekezera mwana wathu wachisamba, chachiwiri mzime wathu akuyamba kukwawa. Chachitatu ndiye chakhala chikuwazemba mpaka lero, ana onse ali ku sekondale, iwo imvi zayamba kutuluka m'mbali mwa makutu.

Zaka zonsezi sindinapiteko kumpikisano ndi kamodzi komwe. Ntchito yanga inali kuwachapira, kuwasitira, kuwalongedzera chikwama, kenako kuwalandira atabwerako opanda kanthu koma nkhani zimene sindimva. Ulendo uno anandiuza kuti, "Mayi, tiyeni mukaone nawo, poti ndi komaliza." Ndinaganiza kuti chabwino, chinthu chimene chandilanda mwamuna zaka zonsezi ndikachione nkhope chisanaikidwe m'manda. Saluni ndinasiyira atsikana anga awiri aja, ndinawauza kuti akaotcha mutu wa kasitomala asadikire kuti ndibwere, angothawiratu.

Achimwene, malo amenewa si a munthu ngati ine. Ndi holo yaikulu ya muhotela, matebulo ali m'mizere, tebulo lililonse anthu awiri atayang'anana, pakati pawo bolodi, pambali wotchi ya nkhope ziwiri. Munthu akasuntha kadole amadina wotchiyo, nthawi ya mnzake n'kuyamba kutha. Pakhomo amakulanda foni. Oonerera timakhala kuseri kwa chingwe, osalankhula, osaloza, ngakhale kutsokomola umachita kupempha kwa Mulungu kuti chifuwa chidikire. Tangoganizani, ine wa pasaluni, wozolowera kuyamba nkhani m'mawa n'kuimaliza madzulo, kundikhazika maola asanu pakamwa pali chitsekere. Tsiku loyamba ndinangoti ndisende switi, kapepala kake kanalira ngati ndikuthyola nkhuni. Woyang'anira masewera anatembenuka n'kundiyang'ana, ine switi ija ndinaibweza m'chikwama yosendasenda.

Za pabolodi sindimamva kanthu, koma mwamuna wanga ndimamuwerenga. Zikamawayendera bwino alamu anu amavula nsapato pansi pa tebulo, n'kumagwedeza zala za kumapazi m'masokosi. Zikavuta amakoka khutu lamanzere mpaka kufiira. Ndiye anthu ena akuyang'ana mfumu, kavalo ndi asilikali pabolodi, ine ndinali kuyang'ana pansi pa tebulo. Mayi wina amene ndinakhala naye pafupi ankaganiza kuti ndataya ndolo.

Kumalo odyera ndi kumene ndinawadziwa anthu ake. Pali mtsikana wina woonda, wa tsitsi louma loti ndinalakalaka kulithira mafuta pompo, amene akuti udindo wa girandimasitala anaupeza asanamalize sukulu, ndipo amuna akuluakulu akamva kuti akumana naye chakudya sichilowa. Pali agogo ena oyenda ndi ndodo amene akuti anausakasaka moyo wawo wonse, n'kudzaupeza atapuma kale pantchito ya uphunzitsi, adzukulu akuwaombera m'manja. Ndiye pali a Chipewa, mnzawo wa alamu anu wa kalekale. Dzinali anawapatsa chifukwa chipewa sichichoka kumutu kwawo, kaya akudya kaya akusewera. Iwowa anakhala girandimasitala ali mnyamata, akhala katswiri wa dziko lawo kambirimbiri, anagonjetsapo anthu amene zithunzi zawo zili m'mabuku a alamu anu. Koma katundu wawo yense ndi kachikwama kamodzi, malaya atatu ndi mankhwala a m'mimba. Awiriwa akhala akugonera chipinda chimodzi m'mipikisano kuyambira ine ndisanakwatiwe, ndipo a Chipewa amadziwa mkonono wa mwamuna wanga kuposa ine.

Masewera amawerengedwa chonchi: wopambana amatenga pointi imodzi, wogonja satenga kanthu, akalepherana amagawana theka theka. Alamu anu anayamba bwino zedi, nsapato zinali kuvulidwa tsiku ndi tsiku. Pofika tsiku lomaliza, lomwe ndi dzulo, zinali poyera kuti akapambana masewera amodzi otsalawo chikalata chachitatu ndi chawo. Kulepherana sikukanawathandiza, kunafunika kupambana basi. Atapachika pepala losonyeza amene akumane ndi mnzake, tinapeza kuti alamu anu akumana ndi a Chipewa.

Apa ndikuuzani chinthu chimene musauze munthu, ngakhale alamu anga. Dzulo m'mawa, bambo akusamba, ndinatsika ndekha kumalo odyera. Ndinawapeza a Chipewa akupaka batala pabuledi, ndinakhala moyang'anana nawo.

"Alamu," ndinatero, "inu udindo muli nawo kale. Pointi ya leroyi mukachita nayo chiyani?"

Anaika mpeni pansi, anandiyang'ana, kenako anaseka mpaka chipewa chinapendekeka.

"Amuna anu akudziwa kuti mwabwera kwa ine?"

"Sakudziwa."

"Asadziwe. Akadziwa, ine sadzandilankhulanso, inuyo muzikagona ku saluni." Anandithirira tiyi. "Alamu, mnzangayu ndimamukonda kuposa m'bale wanga. N'chifukwa chake lero ndikupita kukamupha. Akapulumuka n'kundipha ineyo, udindowo ukhala wake weniweni, adzagona nawo tulo. Imwani tiyi wanu asanazizire."

Ndinamwa tiyi uja ndi manyazi, achimwene, sindinamve ngati munali shuga kapena ayi. Ine ndinkangofuna kuti chinthuchi chithe bwino, apatsidwe chikalata chawo, tichipachike pakhoma, abwere kushopu kwanu mtima uli m'malo.

Masewera anayamba m'mawa womwewo. Bambo ndi a Chipewa anagwirana chanza ngati anthu osadziwana. Patapita nthawi ndinasuzumira pansi pa tebulo, ndinaona nsapato imodzi yavulidwa. Posakhalitsa inzake. Anthu amene anamaliza masewera awo sanatuluke, anabwera kudzaima mozungulira tebulo lawo, mtsikana wa tsitsi louma uja ali patsogolo, manja atapinda pachifuwa. Kenako kunachitika chinthu chimene akuti sichinaonekepo: a Chipewa anavula chipewa, n'kuchiika pamwendo, n'kupukuta thukuta. Kumutu kulibe ndi tsitsi limodzi lomwe, dazi lokhalokha lonyezimira. Anthu anayang'anana, ena anabisa kuseka m'manja. Ine ndinati basi, Mulungu wayankha, munthu wavula chipewa ndiye kuti wagonja.

Koma sanagonje. Nthawi pa mawotchi inayamba kuwathera onse awiri, manja anayamba kuthamanga, kadole kusuntha, wotchi kudinidwa, kadole kudyedwa, wotchi kudinidwa. Ndinaona dzanja la bambo likupita kukhutu. Ndinatseka maso n'kuyamba kupemphera, pemphero lake losalongosoka, lomangoti chonde, chonde. Nditatsegula maso pabolodi panali patayera, patangotsala mafumu awiri ndi asilikali owerengeka atatsekerezana njira. Anagwirana chanza. Woyang'anira anapita pakhoma n'kulemba theka kwa alamu anu, theka kwa a Chipewa. Chikalata chinawaphonya ndi theka la pointi.

Anthu amenewa ali ndi kachitidwe kawo kodabwitsa. Masewera akatha, awiri amene amafuna kudyana aja amapita m'chipinda china, amayalanso tidole, n'kubwereza masewera onse kuyambira poyamba, aliyense akuulula zimene amaganiza ndi zimene amaopa. Sabata yonse sindinalowemo m'chipinda chimenecho, ndinkawadikira panja ndikuonera nsapato m'mawindo a masitolo. Dzulo ndinalowa, ndikuti ndikatole mwamuna wanga ali ngati mtembo ndikamuike pabedi.

Ndinapeza phokoso ngati pasaluni Loweruka. Anthu atadzaza, ena ataima pamipando, zilankhulo zosiyanasiyana, manja ambirimbiri akulowa pabolodi limodzi. Pakati pa onsewo panali mwamuna wanga, nsapato sanamange n'komwe zingwe, akulankhula. Achimwene, akulankhula! Munthu amene paukwati wa mwana wanu anapatsidwa mwayi wolankhula n'kungoti "zikomo" n'kukhala pansi. Amati akasuntha kavalo, chipinda chonse chii. Mtsikana uja, amene amuna amamuopa, anawafunsa mwaulemu chifukwa chimene anaperekera msilikali wawo dala koyambirira kuja. Atamufotokozera anagwedeza mutu, n'kunena kuti iye sakanaziona. Agogo a ndodo aja anawasisita paphewa.

A Chipewa anali kuloza pabolodi akuti, "Apa ndinali nditafa. Apanso ndinali nditafa. Ine ndimangodikira kuti undiike m'bokosi, iwe ukuchedwa."

Anafika pamalo pamene nthawi inayamba kuwathera paja. Bambo anakweza dzanja nati, "Tadikirani." Anayang'anitsitsa pabolodi. Kenako anagwira mfumu yawo n'kuisuntha kamodzi kokha, kupita pakona. Basi, kasitepe kamodzi. A Chipewa anayesa uku, bambo anayankha. Anabweza, anayesa kwina, bambo anayankhanso. Mtsikana uja analowetsapo dzanja kuthandiza a Chipewa, zinakanikanso. Aliyense anayesa nzeru zake, panalibe pothawira. A Chipewa anatsamira kumpando nati, "Mnzanga, ukanasewera chimenechi, bwenzi pano ndikugwira chanza cha girandimasitala."

Ine ndinati tsopano munthuyu agwa pansi, chifukwa chinthu chimene wachifuna moyo wake wonse chinali pamphuno pake, iye n'kuchidutsa. Koma alamu anu anaseka. Osati kuseka kobisa misozi ayi, kuseka kwenikweni, maso akuwala. Anandiona nditaima pakhomo nandikodola.

"Mayi, tabwerani muone kukongola kwake. Taonani, mfumu ikungosuntha kamodzi, sikudya kanthu, sikuopseza munthu. Koma uku kwatsekeka, ukunso kwatsekeka, mnzangayu alibe kolowera. Chinali pomwepa nthawi yonseyi, chikungotidikira."

Sindinamve kanthu, achimwene, ndisakunamizeni. Ndinangoona timitengo tosemasema pabolodi. Koma ndinaona nkhope yawo, ndipo nkhope imeneyo m'nyumba mwanga sindinaionepo. Ine ndimadziwa munthu woiwala ketulo pamoto, womutuma sopo n'kubwera ndi nyuzipepala, wokhala pakona ndi kabuku alendo akucheza. Ndakhala ndikuuza makasitomala anga kuti ndinakwatiwa ndi mwana wamkulu wosewera ndi tidole, iwo n'kumaseka, inenso n'kumaseka. Sindinadziwe kuti kuli chipinda padziko pano chimene mwamuna wanga akakweza dzanja, akatswiri amakhala chete. Ndinalira pomwepo, anthu n'kumaganiza kuti ndikulirira chikalata.

Titabwerera kuchipinda chathu dzuwa lisanalowe, bambo anayamba kupinda malaya awo bwinobwino, okha, osawauza. Anati, "Mayi, pangano ndi pangano. Mwandipirira mokwanira. Alembereni achimwene kuti ndikubwera." Kenako anayamba kundifunsa kuti kodi shopu imatsegulidwa nthawi yanji, kodi misomali ya malata imasiyana bwanji ndi ya matabwa, kodi adzafunika kuvala taye. Amafunsa mwaulemu, akumwetulira, koma kumwetulira kwake kunali kuja amachita tikapita kukacheza kwa azakhali, kongodikira nthawi yotsanzika. Nditayang'ana m'chikwama ndinaona kuti wotchi yawo ya tchesi mulibe, yakale ija ya thabwa imene anagula tisanakwatirane. Nditafunsa anati, "Ndamupatsa mnzanga Chipewa. Ine ndiziyesa nayo chiyani, nthawi youma penti?" Anaseka, ine sindinaseke.

Lero m'mawa ndinatsikanso ndekha. Ndinawapeza a Chipewa pakhomo la hotela akudikira galimoto, kachikwama kawo kali pamapazi.

"Alamu, mwabweranso? Masewera anatha dzulo."

"Ndabwerera wotchi."

Anatsegula chikwama, wotchi inali pamwamba penipeni, ataikulunga m'malaya. Anandipatsa ndi manja awiri. Anati kuli mpikisano wina waukulu miyezi ikubwerayi, ndipo atha kulankhula ndi okonza ake kuti awaitane bambo. "Koma muwauze," anatero akukwera galimoto, "tikakakumananso kumeneko ndikawaphanso." Ndinawauza kuti ayesere, ulendo umenewo chipewacho akachivula sadzachivalanso.

Ndiye achimwene, nkhani imene ndakhala ndikuizungulira ndi iyi: ntchito ija mupatse munthu wina. Mwana wa azakhali uja anamaliza maphunziro a zamalonda akungokhala pakhomo, ndipo misomali amaidziwa. Ndikudziwa kuti mukwiya, munakana anthu ena chifukwa cha ine, ndipo mudzati mlongo wanga ndi wosakhazikika maganizo. Nenani, ndavomera. Koma mukalipire ine, iwo ayi, chifukwa iwo pangano asunga, amene ndaliphwanya ndine. Sindikukulonjezani kuti chikalata chachitatu chidzabwera. Mwina sichidzabwera mpaka imvi zidzafike pakati pa mutu. Saluni yatidyetsa zaka zonsezi, ndipo ana a sukulu amene bambo amawaphunzitsa tchesi amabweretsa kangachepe, sitinagonepo ndi njala. Chimene sindingathe ndi kumuona munthu ndinamuona dzulo uja ataima kuseri kwa kauntala, akumwetulira mwaulemu tsiku lonse mpaka kukalamba.

Mundiperekere moni kwa alamu anga, muwauze kuti mafuta a tsitsi amene anandipempha ndiwatumizira ndikangofika kunyumba. Ana onse muwapsompsone, ndi wamkulu yemwe ngakhale akuti wakula. Inunso muzimwa mankhwala anu a kuthamanga kwa magazi, makamaka mukamaliza kuwerenga kalata ino.

Alamu anu akupereka moni wambiri. Ali pompano, akhala pabedi akupukuta nsapato, akuganiza kuti ndikukulemberani za tsiku loyamba ntchito. Andituma kuti ndikuuzeni kuti akuthokoza kwambiri, sadzakuchititsani manyazi, ndipo pa 1 adzafika m'mamawa shopu isanatsegulidwe. Moni wawo ndapereka monga andituma, koma tsikulo musawadikire. Sindinawauze kanthu. Wotchi ili m'chikwama changa, pansi pa nsalu, ndipo kalatayi ndikaiponya kaye ndisanatsegule pakamwa, kuti akayamba kundikaniza ndiwauze kuti mwachedwa bambo, yapita kale.

Ndine mlongo wanu wovuta uja,
amene mumamukondabe,

Mayi wa pasaluni